Chuma ndi ntchito m'mapazi a alendo a ku Makkah

Haji akatsika ndege pobwerera kwawo, abale timathamangira kukamukumbatira ndi kumupempha kuti atichitire dua. Akafika kunyumba n'kumasula chikwama, mumatuluka zinthu zomwe tonse tidazizolowera: chigubu cha malita asanu cha madzi a Zamzam, tende, tasbihi, mikeka yoswalirapo, mafuta onunkhira ndi zisoti za ana. Mphatsozi timazilandira mwansangala, ndipo n'koyenera kutero. Koma si kawirikawiri pamene timadzifunsa za manja omwe zinthuzi zadutsamo zisanatipeze. Wina adathira madziwo m'chigubu n'kumata chivindikiro. Wina adakwera mtengo wa tende m'minda ya ku Madinah dzuwa likuswa mtengo. Wina adachezera usiku wonse akuyendetsa basi kuchoka ku Arafat kupita ku Muzdalifah, wina adasesa m'matenti a ku Mina, ndipo winanso ndi amene adameta mutu wa hajiyo pa tsiku la Eid.

Hajj ndi nsanamira yachisanu ya Chisilamu, ndipo malipiro ake enieni sawerengedwa ndi ndalama. Komabe anthu pafupifupi 2 miliyoni akasonkhana malo amodzi kwa masiku asanu kapena asanu ndi limodzi, amafunika kudya, kumwa, kugona, kuyenda ndi kuchizidwa, ndipo zonsezi ndi ntchito za anthu ena. Dziko la Saudi Arabia lidaiona mfundo imeneyi kalekale. M'zaka khumi zapitazi latsimikiza mtima kuti kulandira makamu a anthu, pa Hajj, pa Umrah ndi pa zochitika zina zikuluzikulu, kukhale mzati wachiwiri wa chuma chake pambali pa mafuta. Lero tikufuna tione mmene ntchito imeneyi ikuyendera, amene ikuwadyetsa ndi amene ikuwapsinja.

Msika ndi ulendo zidayamba kale kuyendera limodzi

Chisilamu chisanafike, Maarabu ankasonkhana m'misika itatu ikuluikulu nyengo ya Hajj ikayandikira: Ukaz, Majannah ndi Dhul-Majaz. Kumeneko ankagulitsana zikopa, nsalu, ngamira ndi zonunkhira, uku alakatuli akupikisana luso. Atalowa Chisilamu, Maswahaba ena adachita mantha kuti mwina kuchita malonda m'masiku opatulikawa ndi tchimo. Malinga ndi zomwe adafotokoza Ibn Abbas, Allah asangalale naye, apa m'pamene idavumbulutsidwa ndime ya 198 ya Surat Al-Baqarah, yomwe idawachotsera manthawo ndi kuwalola kufunafuna rizki m'nyengo ya Hajj. Choncho kupeza phindu potumikira mahaji si chinthu chachilendo m'chipembedzo chathu. Chomwe Chisilamu chimayang'ana ndi njira yomwe phindulo lapezekera.

M'mbiri yonse ya Asilamu, ulendo wa ku Makkah wakhala ukutsegula misewu ndi kulemba anthu ntchito. Cha m'ma 800, mayi Zubaydah, mkazi wa Khalifa Harun al-Rashid, adalipira amisiri ambirimbiri kuti akumbe zitsime ndi kumanga mosungira madzi m'njira yochokera ku Kufa m'dziko la Iraq kukafika ku Makkah, ndipo njirayo mpaka lero imadziwika ndi dzina lawo. M'chaka cha 1324, Mansa Musa, mfumu ya Mali, adadutsa ku Cairo pa ulendo wake wa Hajj ndipo adagawa ndi kugulira zinthu golide wochuluka zedi, kotero kuti mtengo wa golide mumzindawo udatsika kwa zaka zingapo. Mu 1908 njanji yochokera ku Damascus idafika ku Madinah, n'kufupikitsa ulendo wa masabata ambiri pa ngamira kukhala wa masiku owerengeka.

Ufumu wa Saudi Arabia utakhazikitsidwa mu 1932, ndalama zambiri za boma zinkachokera kwa mahaji. Koma nthawi imeneyo chuma cha dziko lonse lapansi chidali chitagwa, ndipo chiwerengero cha obwera ku Hajj kuchokera kunja chidatsika kupitirira theka. Thumba la boma litauma, Mfumu Abdulaziz idavomereza mgwirizano mu 1933 wolola kampani ya ku America ya Standard Oil of California kufufuza mafuta. Mafutawo adapezeka ku Dammam mu 1938. Tinganene kuti kuchepa kwa alendo ndiko kudakankhira dzikolo ku mafuta. Lero, poona kuti mafuta sadzalamulira msika mpaka kalekale, dzikolo likubwereranso kwa alendo.

Kukula kwa khamu

Ziwerengero za boma la Saudi Arabia zikusonyeza kuti mu 2012 anthu oposa 3.1 miliyoni adachita Hajj. Mu 2019 adalipo pafupifupi 2.5 miliyoni, mu 2023 ndi mu 2024 adali oposa pang'ono 1.8 miliyoni chaka chilichonse, pomwe mu 2025 adali pafupifupi 1.67 miliyoni. Chiwerengerochi sichikula mwachisawawa. Kuyambira kumapeto kwa zaka za m'ma 1980, mayiko a Chisilamu adagwirizana kuti dziko lililonse lizitumiza anthu pafupifupi 1,000 pa Asilamu 1 miliyoni alionse. N'chifukwa chake Indonesia imapatsidwa malo a anthu 221,000, Pakistan ndi India oposa 175,000 dziko lililonse, pomwe Nigeria idapatsidwa malo 95,000 mu 2025. Chigwa cha Mina n'chaching'ono ndipo sichingatambasuke, choncho Hajj ili ndi malire omwe ndalama sizingawasunthe.

Umrah ilibe malire oterowo chifukwa imachitika pafupifupi chaka chonse, ndipo apa m'pamene boma laponya maso. Mu Epulo 2016, Mohammed bin Salman adalengeza ndondomeko ya chitukuko yotchedwa Vision 2030, ndipo chimodzi mwa zolinga zake n'chakuti pofika chaka cha 2030 dzikolo lizilandira anthu 30 miliyoni a Umrah pachaka. Mu 2023 anthu pafupifupi 13.5 miliyoni ochokera kunja adachita Umrah. Mliri wa Covid-19 usanagwe, chiwerengero chomwe chinkatchulidwa kawirikawiri n'chakuti Hajj ndi Umrah pamodzi zimalowetsa m'dzikolo ndalama zokwana pafupifupi 12 biliyoni ya madola a ku America pachaka.

Kusiyana kwa Hajj ndi Umrah kuli ndi tanthauzo lalikulu kwa wantchito. Hotela yomwe imadzaza mwezi umodzi wokha pachaka imalemba aganyu. Yomwe imalandira alendo miyezi khumi imalemba anthu ntchito yokhazikika, n'kuwaphunzitsanso luso. Makolo athu adati mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Khama lonse la boma la Saudi Arabia lagona pofuna kuti mame amenewa azigwa m'mawa uliwonse.

Manja omwe amanyamula Hajj

Ntchito zina za Hajj n'zakale kwambiri ndipo zinkasiyiranidwa m'mabanja. Ku Makkah kudali mamutawwif, omwe ankalandira mahaji a dera limodzi la dziko lapansi, kuphunzira chilankhulo chawo, kuwapezera pogona ndi kuwatsogolera pa miyambo yonse ya Hajj. Kudali mazamzami omwetsa alendo madzi a Zamzam, ku Madinah kudali otsogolera alendo pa ziyara, ndipo ku Jeddah kudali owalandira padoko. Masiku ano magulu amenewa adasanduka makampani, ndipo amapikisana ndi makampani ena popereka chithandizo kwa mahaji.

Ku Umm al-Joud, mumzinda wa Makkah, kuli fakitale yomwe ntchito yake yaikulu ndi kuluka ndi kupeta Kiswah, nsalu yakuda yophimba Ka'bah. Kwa zaka mazana ambiri nsaluyi inkachokera ku Egypt, koma tsopano amisiri pafupifupi 200 amathera miyezi yambiri akuikonza ndi makilogalamu oposa 600 a silika komanso ulusi wa golide ndi siliva. Kuyambira mu 2022 nsaluyi imasinthidwa pa tsiku loyamba la mwezi wa Muharram.

Ntchito zina zabwera ndi makina. Mu 2010 idatsegulidwa njanji ya makilomita 18 yolumikiza Mina, Muzdalifah ndi Arafat. Ili ndi masiteshoni asanu ndi anayi ndipo idamangidwa kuti izitha kunyamula anthu 72,000 pa ola limodzi, koma imagwira ntchito pafupifupi sabata imodzi yokha pachaka. Mu 2018 idatsegulidwa njanji ina ya makilomita pafupifupi 450 yolumikiza Makkah, Jeddah ndi Madinah, yomwe sitima zake zimathamanga makilomita 300 pa ola ndipo zimayenda chaka chonse. Mu 2022 kampani ya ku Spain ya Renfe, yomwe imayendetsa nawo sitimazi, idalengeza kuti ikufuna amayi 30 oti iwaphunzitse kuyendetsa sitima. Makalata ofunsira ntchito adafika 28,000. Chiwerengero chimenechi chikutiuza zinthu ziwiri nthawi imodzi: makomo atsopano akutseguka, koma njala ya ntchito ndi yaikulu kuposa makomowo.

Pamwamba pa amenewa tiwonjezerepo madokotala ndi anamwino zikwizikwi omwe amachiza mahaji mwaulere, asilikali ndi apolisi owongolera khamu, ophika, osesa, okankha njinga za okalamba pa Tawaf, omasulira zilankhulo, ndi amisiri osamalira matenti oposa 100,000 a ku Mina. Matenti amenewa adapangidwa ndi nsalu yosagwira moto pambuyo pa ngozi ya moto ya mu 1997 yomwe idapha anthu oposa 300. Ambiri mwa antchitowa amalembedwa kwa masabata ochepa chabe. Kwa wophunzira wa pa yunivesite ku Jeddah, imeneyi ndi ndalama yapadera ya patchuthi. Kwa wosesa wochokera ku Bangladesh, ndi masiku a ntchito yakalavulagaga pansi pa dzuwa lomwe mlendo weniweniyo akulithawa.

Ndalama zodumpha malire

Phindu la Hajj silithera m'dziko la Saudi Arabia mokha. Haji aliyense wochita Tamattu kapena Qiran amayenera kuzinga nyama, ndipo dzikolo lilibe ziweto zokwanira khamu lonselo. Nkhosa, mbuzi ndi ngamira zambiri zimachokera ku Sudan ndi ku Somalia, makamaka kudzera padoko la Berbera. Woweta wa kumidzi ya Somaliland, amene mwina sadzaiona Ka'bah ndi maso ake, amadyetsa banja lake ndi ndalama za mahaji. Kudalira kumeneku kudaonekera poyera m'chaka cha 2000, pamene matenda a ziweto a Rift Valley adachititsa Saudi Arabia kuletsa ziweto za ku Somalia. Chiletsocho chidachotsedwa mu 2009, patatha zaka zisanu ndi zinayi za umphawi waukulu kwa oweta, oyendetsa malole ndi onyamula katundu padoko.

Kale nyama yambiri ya nsembe inkangowola ku Mina kapena kukwiriridwa chifukwa chosowa oidya. Mu 1983 idayamba ndondomeko ya Adahi, yomwe idaperekedwa m'manja mwa banki ya Islamic Development Bank. Haji amagula chiphaso, ozinga ndi madokotala a ziweto zikwizikwi amagwira ntchito m'malo ophera amakono, ndipo nyamayo imaumitsidwa m'mafiriji n'kutumizidwa kwa osauka a ku Makkah ndi a m'mayiko ena ambiri a mu Africa ndi Asia. Chinthu chomwe chidali chonunkha ndi chowononga chidasanduka ntchito ndi chakudya.

Mayiko ena adaphunzira kusunga gawo la phinduli kwawo. Ku Malaysia, alimi ankagulitsa minda ndi ng'ombe kuti apite ku Hajj, n'kubwerera ali amphawi. Katswiri wa zachuma Ungku Abdul Aziz adapereka maganizo oti pakhale thumba losungira ndalama pang'onopang'ono popanda katapira, ndipo mu 1963 lidabadwa bungwe lomwe lero limatchedwa Tabung Haji. Ndalama za osunga zimaikidwa m'minda ya kanjedza wa mafuta, m'nyumba ndi m'mabizinesi ena a halal, ndipo osungawo tsopano alipo mamiliyoni angapo. Bungweli lidakumanapo ndi mavuto a kayendetsedwe ka chuma mu 2018 mpaka boma lidalowererapo, zomwe zikutikumbutsa kuti thumba la anthu ambiri limafuna maso ambiri. Komabe maganizo ake adasintha moyo wa Asilamu a m'dzikolo.

Ife kuno kwathu tili kumapeto kwina kwa chingwechi. Haji wa ku Mangochi kapena ku Nkhotakota amalipira ndege, hotela, tenti ndi nsembe m'ndalama zakunja. Kwacha itagwetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, kenako ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, munthu amene adasunga ndalama zake kwa zaka zambiri adadzuka m'mawa n'kupeza kuti ulendo wake watalikira, ngakhale kuti mtengo wa ku Makkah udali usanasinthe.

Chaka chomwe alendo sadabwere

Kulimba kwa ntchito yodalira alendo kudayesedwa mu 2020. Kumapeto kwa Febuluwale chaka chimenecho, Saudi Arabia idatseka Umrah kwa anthu akunja chifukwa cha Covid-19. Tonse tikukumbukira zithunzi za bwalo la Ka'bah lili mbee, mulibe munthu kupatula osesa ochepa. Hajj ya chaka chimenecho idachitidwa ndi anthu pafupifupi 1,000 okhala kale m'dzikolo, ndipo ya mu 2021 idalola anthu osapitirira 60,000. Akunja adayambanso kuloledwa mu 2022, pamene chiwerengero chidafika pa anthu oposa 900,000.

M'zaka ziwirizo mahotela a ku Makkah ndi ku Madinah adatseka zitseko, mabasi adaima, ndipo eni masitolo a tasbihi ndi mikeka adakhala ndi katundu wopanda ogula. Oyamba kuchotsedwa ntchito adali alendo ochokera m'mayiko osauka, omwe mabanja awo ankadalira ndalama zotumizidwa mwezi ndi mwezi. Makampani okonza maulendo ku Jakarta, ku Lahore ndi ku Kano adagwa nawo, ndipo oweta a ku Somalia adasowanso msika. Nthawi yomweyo mtengo wa mafuta udatsika kwambiri, ndipo mu Julaye 2020 boma lidakweza msonkho wa VAT kuchoka pa 5 kufika pa 15 peresenti. Mizati yonse iwiri idagwedezeka limodzi.

Zochitika zatsopano

Vision 2030 siyidaimire pa Hajj ndi Umrah pokha. Kalembera wa mu 2022 adapeza kuti dzikolo lili ndi anthu 32.2 miliyoni, ndipo mwa mbadwa zake, 63 mwa 100 alionse sadakwanitse zaka 30. Achinyamata amenewa amafuna ntchito, ndiponso kwa zaka zambiri ankapita kukawononga ndalama zawo ku Dubai ndi ku Bahrain. Pofuna kuti ndalamazo zizitsala m'dziko, boma lidakhazikitsa nthambi yoona zachisangalalo mu 2016, lidatsegulanso nyumba zoonetsera mafilimu mu 2018 patatha zaka zoposa 30, ndipo mu Seputembala 2019 lidayamba kupereka ziphaso kwa alendo odzaona malo.

Kuchokera pamenepo zochitika zakhala zikutsatizana. Msonkhano wa eni chuma wa Future Investment Initiative umachitika ku Riyadh kuyambira mu 2017. Chikondwerero cha Riyadh Season chidayamba mu 2019 ndipo chimatenga miyezi ingapo. Mpikisano wa magalimoto wa Dakar udasamukira m'dzikolo mu 2020, ndipo wa Formula 1 udayamba ku Jeddah mu 2021. Mu Meyi 2024, Oleksandr Usyk adagonjetsa Tyson Fury pa nkhonya ku Riyadh. Mu Novembala 2023 mzinda wa Riyadh udasankhidwa kuchititsa chionetsero cha Expo 2030 utapeza mavoti 119, kuposa Busan ndi Rome, ndipo mu Disembala 2024 bungwe la FIFA lidapereka kwa Saudi Arabia mpikisano wa World Cup wa 2034, womwe dzikolo lidalonjeza kuchititsa m'mabwalo 15.

Si Asilamu onse amene akusangalala ndi zina mwa zochitikazi, makamaka madansi ndi zoimbaimba m'dziko lomwe muli Mizikiti Iwiri Yopatulika, ndipo nkhani imeneyi imakambidwa mwamphamvu pakati pa ma ulama ndi Asilamu wamba. Pa mbali ya chuma palinso funso lina. Haji amabwera ndi ndalama zake za m'thumba. Zochitika zatsopano zambiri zimalipiridwa ndi boma kapena ndi thumba lake la Public Investment Fund, ndiye kuti ndi ndalama za mafuta zomwezo. Osewera nkhonya ndi oimba otchuka amalandira mamiliyoni n'kukwera ndege kubwerera kwawo. Zochitikazi zidzakhala mzati weniweni tsiku lomwe zidzayambe kubweza ndalama zoposa zomwe zimadya.

Ntchitozi n'za yani?

Boma lili ndi zoloza. Ulova pakati pa mbadwa za dzikolo udali pamwamba pa 12 peresenti mu 2018, ndipo pofika kumapeto kwa 2024 udatsika kufika pa 7 peresenti. Amayi a dzikolo omwe ali pantchito kapena akufunafuna ntchito adali pafupifupi 17 mwa 100 alionse mu 2017, koma tsopano aposa 33. Sitinganene kuti zonsezi zadza chifukwa cha misonkhano ndi zochitika, pakuti malamulo ambiri okhudza amayi ndi kalembedwe ka ntchito adasinthanso m'zaka zomwezo. Koma mlendo amene wapita ku Umrah posachedwapa waona yekha atsikana a dzikolo akudinda ziphaso pabwalo la ndege ndi kulandira alendo m'mahotela, zomwe kale sizinkaoneka.

Komabe msana wa ntchitoyi ndi alendo. Mwa anthu 32.2 miliyoni aja, 13.4 miliyoni si mbadwa. Nthambi ya boma yowerengera zinthu idapeza kuti mu 2024 anthu oposa 900,000 ankagwira ntchito zokhudza alendo, monga m'mahotela ndi m'malesitilanti, koma mmodzi yekha mwa anayi alionse ndi amene adali mbadwa. Otsalawo ndi ochokera ku India, Pakistan, Bangladesh, Egypt, Philippines ndi mayiko a mu Africa. Kwa zaka zambiri anthu amenewa akhala pansi pa dongosolo la kafala, lomwe limamangirira chilolezo cha wantchito chokhala m'dziko kwa bwana wake. Mu Malichi 2021 boma lidafewetsa malamulowa kuti wantchito azitha kusintha ntchito ndi kutuluka m'dziko mosavuta, koma kusinthako sikudakhudze antchito a m'nyumba.

Zomwe zidachitika mu 2015 ndi 2016 zikuonetsa amene amasenza katundu zinthu zikavuta. Mu Seputembala 2015 chimakina chonyamulira zitsulo chidagwera mu Mzikiti Wopatulika wa ku Makkah n'kupha anthu oposa 100. Boma lidaimitsa kampani ya Saudi Binladin Group kulandira ntchito zatsopano, ndipo izi zidakumana ndi kutsika kwa mtengo wa mafuta. Chaka chotsatira kampaniyo idachotsa antchito zikwi makumi angapo, ambiri mwa iwo atakhala miyezi osalandira malipiro, mpaka ena adatentha mabasi a kampaniyo mumzinda wa Makkah. Awa adali anthu omwe manja awo adakuza malo omwe timaswaliramo. Mabungwe a Amnesty International ndi Human Rights Watch achenjeza kale kuti ntchito yomanga mabwalo a 2034 ikhoza kubweretsa mavuto ofananawo ngati chitetezo cha antchito sichilimbikitsidwa. Mtumiki Muhammad, madalitso ndi mtendere zikhale pa iye, adatiphunzitsa kulipira wantchito mwachangu ndi kusamusenzetsa zomwe sangathe. Muyeso umenewu suchepa chifukwa chakuti nyumba yomwe ikumangidwayo ili pafupi ndi Ka'bah.

Walira mvula walira matope

Chuma chikalowa mumzinda chimasinthanso nkhope yake. Mu 2002 linga lakale la Ajyad, lomwe lidamangidwa ndi ufumu wa Ottoman, lidagumulidwa, ndipo pamalo pake padamangidwa nsanja za Abraj Al Bait, zomwe yaitali kwambiri ndi ya mamita 601. Midzi yakale yozungulira Haram idachotsedwa kuti mzikiti ukule ndi kuti mahotela amangidwe. Mahaji ambiri tsopano amapeza malo oswalira, koma zipinda zoyang'anizana ndi Ka'bah n'za olemera, pomwe wosauka amagona kutali n'kumadikira basi.

Kukwera kwa mitengo kuli ndi zotsatira zoopsa kuposa pamenepo. Pa Hajj ya mu Juni 2024 kutentha ku Makkah kudafika madigiri 51.8, ndipo boma lidalengeza kuti anthu 1,301 adamwalira. Mwa iwo, 83 mwa 100 alionse adalibe chilolezo cha Hajj. Ambiri adali anthu omwe sakadakwanitsa mtengo wa ulendo wovomerezeka, choncho adalowa ndi ziphaso za alendo wamba atalonjezedwa ndi okonza maulendo achinyengo kuti zonse zili m'malo. Atafika adapeza kuti alibe tenti yozizira, alibe basi, ndipo adayenda mitunda italiitali padzuwa. Dziko la Egypt, komwe kudachokera ambiri mwa omwalirawo, lidalanda ziphaso makampani 16 okonza maulendo. Pamene pali ludzu lalikulu la ulendo ndi malo ochepa, akamberembere sasowa.

Zomwe tingatolepo

Kwathu kuno tidalawako kale kuti msonkhano ndi chuma chosachedwa kuthawa. Mu 2012 mzinda wa Lilongwe udakonzekera kulandira msonkhano wa atsogoleri a African Union, koma boma litakana kulandira Omar al-Bashir wa ku Sudan, msonkhanowo udasamutsidwira ku Addis Ababa, ndipo omwe adakonza zipinda ndi magalimoto adatsala manja ali m'khosi. Tikudziwanso mmene misika ya mbuzi ndi ng'ombe imatenthera Eid-ul-Adha ikayandikira, ndi mmene ijtima kapena ziyara imodzi imapezetsera ndalama ogulitsa mpunga, nkhuni ndi nsomba m'dera lomwe yachitikira. Nkhani ya ku Saudi Arabia ikutiuza kuti phindu lotere limakhalitsa pokhapokha alendo akamabwera kawirikawiri, ndalama zikamatsala m'manja mwa anthu a m'deralo, ndiponso wantchito wapansi akamalipidwa mokwanira ndi panthawi yake.

Pali zinthu zitatu zomwe zili m'manja mwathu. Amene akukonzekera Hajj adutse m'njira zovomerezeka ndipo aone chilolezo chake ndi maso asanapereke ndalama yomaliza, chifukwa ulendo wotchipa wopanda chilolezo udapha kale anthu ambiri. Achinyamata omwe akuitanidwa kukagwira ntchito m'mayiko a Maarabu awerenge mgwirizano wawo wonse, adziwe dzina la bwana, malipiro ndi maola a ntchito, ndipo asiyire abale awo makope a mapepala onse asanakwere ndege. Ndipo atsogoleri athu a Chisilamu pamodzi ndi akatswiri a zachuma aganizire mozama za thumba losungira ndalama za Hajj lopanda katapira, loyendetsedwa poyera, lomwe lingateteze thukuta la mlimi wa ku Machinga kwacha ikagwa.

Kwa inu omwe Allah adzakupatseni mwayi woima pa Arafat, mudzakumana ndi mnyamata wovala yunifolomu atanyamula tsache, kapena bambo wotopa akukupatsirani botolo la madzi pawindo la basi. Mwina ali ndi zaka ziwiri asanaone ana ake. Mudzampatse salamu, mudzamuthokoze, ndipo pokweza manja kupempherera abale anu a kumudzi, mudzamutchule nayenso. Allah alandire Hajj ya onse omwe adapita, awafewetsere njira omwe akuyembekezera, ndipo awalipire zabwino onse omwe amatumikira alendo Ake.